Alendo, mapiri ndi gombe la Tukombo

Mu 2023 anthu a ku Hallstatt, kamudzi ka m'mapiri a ku Austria, anatseka msewu atatopa ndi chinamtindi cha alendo odzaona malo. Chaka chotsatira dziko la Japan linayamba kulipiritsa okwera phiri la Fuji. Kwathu ku Tukombo, Kande ndi Chintheche alendo sanafike pochuluka chotero. Dandaulo la kuno ndi lakuti malo akakoma m'maso mwa obwera, eni nthaka amatsala kunja.

Mbiri yake inayamba kale. Dr Robert Laws anasamutsira mishoni ku Bandawe mu 1881, malungo atawasautsa ku Cape Maclear, kenako mu 1894 anakwera ku Khondowe. Boma la Kamuzu linadzaza mapiri a Viphya ndi mitengo ya paini, poti ku Chintheche kudzamangidwa fakitale ya mapepala, koma fakitaleyo sinaoneke. Ku Nyika, paki itakuzidwa mu 1978, mabanja anasamutsidwa m'midzi ya makolo awo, manda n'kutsala m'kati mwa malire. Chilonda chimenecho sichinapole, ndipo n'chifukwa chake ambiri kumpoto amayamba akayika akamva zoti malo awo atetezedwa.

Zipani zambiri zitabwera mu 1994, malo ogona alendo anachuluka m'mbali mwa msewu wa M5. Malole onyamula alendo pakati pa Nairobi ndi Cape Town ankagona pa Kande Beach, ndipo mu 2004 chikondwerero cha Lake of Stars chinayambira ku Chintheche. Ophika, alonda ndi osema ziboliboli anapeza poyambira, zimenezo n'zoona. Koma mipanda inatsikiranso kumchenga, kumene msodzi amayanika usipa ndi kukocheza bwato, kumene amayi amachapa ndi kutunga madzi.

Kuno anthu sanagube ndi zikwangwani. Nkhondo yawo yachitikira pabwalo la mfumu. Bungwe la Ripple Africa, lomwe linayamba ku Mwaya mu 2003, linagwirizana ndi mafumu kukhazikitsa makomiti oteteza nkhalango za m'mapiri, linafalitsa mbaula ya Changu Changu Moto yosadya nkhuni zambiri, kenako asodzi eni ake anayamba kulanda maneti a udzudzu amene amakokolola tiana ta chambo. Anthu anaona kuti phiri likametedwa, mtsinje wa Luweya umatsitsa matope, nsomba zimasowa poswana, mlendo naye sabweranso.

Chondiwawa n'chakuti ntchito yonseyi imasungira mwini loji malo okongola, pamene wolondera nkhalango nthawi zambiri salandira kanthu. Lamulo la malo a makolo la 2016 limalola mabanja kulembetsa nthaka yawo. Madoko ndi njira zotsikira kunyanja ku Tukombo ziyenera kulembedwa m'dzina la mudzi wogula wina asanafike kwa mfumu.