Tsiku limene M'busa Martin Luther King anakapempha chilolezo cha mfuti

Nkhani ya lero inabadwira m'kalasi. Tsiku lina ndikuphunzitsa za anthu akuda amene ananyanyala mabasi mumzinda wa Montgomery ku America, mnyamata wina wokhala kumbuyo anaimika mkono nati: "Aphunzitsi, anthu akuponyereni bomba pakhomo, mkazi ndi mwana ali m'nyumba, inu n'kumangopemphera? Bwanji abusawo sanapeze mfuti?" Ine ndinayankha monga mmene zinalili m'manotsi anga, kuti a King anali munthu wamtendere wotsata njira ya Gandhi. Mnyamatayo analemba, belu linalira, tinabalalika. Nditawerenga mofatsa pambuyo pake ndinapeza kuti ndinamupatsa theka la yankho. Zoona zake n'zakuti a King anakapempha chilolezo choyenda ndi mfuti, ndipo anawakaniza. Ngati mnyamata uja akuwerenga pano, theka linalo ndi ili.

Tiyambe ndi zimene zinachitika. Pa 1 Disembala 1955 apolisi anamanga mayi Rosa Parks chifukwa chokana kusiyira mzungu mpando m'basi. Pa 5 Disembala anthu akuda a ku Montgomery, m'chigawo cha Alabama, anayamba kunyanyala mabasi, ndipo anasankha m'busa wa mpingo wa Dexter Avenue Baptist, wa zaka 26 zokha, kuti awatsogolere. Usiku wa pa 30 Januwale 1956 a King ali pamsonkhano ku tchalitchi china, bomba linaphulika pakhonde la nyumba yawo. M'nyumbamo munali mayi Coretta ndi khanda lawo Yolanda, la miyezi iwiri ndi theka. Mwamwayi palibe anavulala. Pamene a King amafika, anapeza khamu la anthu okwiya litadzaza pabwalo, ena atanyamula mfuti ndi mipeni. Iwo anaima pakhonde lophwanyikalo n'kuuza anthuwo kuti abwerere kwawo mwamtendere, asabwezere. Mbali imeneyi ndi imene mabuku athu amakonda kufotokoza.

Imene amaidumpha ndi ya masiku otsatira. Patangopita masiku awiri bomba lina linaponyedwa kunyumba ya E. D. Nixon, mtsogoleri winanso wa kunyanyalako. Akuluakulu a mpingo ndi abale anaumiriza a King kuti adziteteze. Amuna a mumpingo anayamba kulondera nyumbayo usiku, ndipo a King anapita ku ofesi ya sheriff, mkulu wosungitsa chitetezo m'boma la Montgomery, kukapempha chilolezo choti aziyenda ndi mfuti m'galimoto. Pempholo linakanidwa. Nkhaniyi si mphekesera: a King eni ake anaifotokoza m'buku lawo la mu 1958 lotchedwa Stride Toward Freedom.

Tsono funso la wophunzira mbiri ndi lakuti: zinatheka bwanji? Lamulo la Alabama la nthawi imeneyo linkati sheriff angathe kupereka chilolezo kwa munthu amene ali ndi chifukwa chomveka choopera kuti avulazidwa, komanso amene ali woyenera. Kodi mumzinda wonsewo munali munthu wa chifukwa chomveka kuposa amene khonde lake linali litangophulitsidwa? Vuto linagona pa mawu akuti "angathe" ndi akuti "woyenera". Lamulo silinanene kuti wakuda asapatsidwe. Linangosiya chigamulo m'manja mwa munthu mmodzi wokhala kuseri kwa tebulo, ndipo munthuyo anali wa m'gulu la olamulira amene a King ankalimbana nawo. Kumbukirani kuti meya wa mzindawo, W. A. Gayle, ndi woyang'anira apolisi a mumzinda, Clyde Sellers, anali atalowa poyera bungwe la White Citizens' Council, limene ntchito yake inali kuteteza tsankho.

Kuti timvetse kumene mphamvu imeneyi inachokera tibwerere m'mbuyo pang'ono. Malamulo aakulu a dziko la America, m'ndime imene inawonjezedwa mu 1791, amatchula ufulu wosunga ndi kunyamula zida. Komabe kubisa chida m'zovala anthu akale a kumeneko ankakuona ngati khalidwe la chigawenga: munthu wa zolinga zabwino anyamule poyera, wobisa ndiye kuti akufuna kubaya mnzake modzidzimutsa. N'chifukwa chake mu 1813 zigawo za Kentucky ndi Louisiana zinaletsa kuyenda ndi chida chobisa, ndipo zigawo zina zambiri zinatsatira. Poyamba nkhani inali yoletsa basi, panalibe zofunsira chilolezo.

Chilolezo chinabwera ndi nkhope ziwiri. Kummwera, nkhondo yapachiweniweni itatha mu 1865 ndipo ukapolo utathetsedwa, chigawo cha Mississippi chinakhazikitsa lamulo loti munthu amene anali kapolo asasunge mfuti popanda chilolezo cha akuluakulu a m'boma lake. Malamulo otchula khungu chonchi atayamba kukanidwa, anthu anaphunzira kulemba mochenjera. Ku Florida lamulo la mu 1893, limene linakonzedwanso mu 1901, linafuna kuti aliyense atenge chilolezo. Papepala linali la onse. Koma mu 1941, pamlandu wa Watson v. Stone, woweruza wina wa bwalo lalikulu la Florida, Rivers Buford, anavomera mosabisa kuti lamulolo linapangidwa pofuna kulanda zida antchito akuda ndipo silinalingaliridwe kuti likhudze azungu. Kawirikawiri zinthu zotere timachita kuziganizira. Apa woweruza anazilemba yekha.

Nkhope yachiwiri ndi ya m'mizinda ya kumpoto, kumene nkhawa inali umbanda. Mu 1911 chigawo cha New York chinakhazikitsa lamulo lotchedwa Sullivan Act, dzina lochokera kwa wandale Timothy Sullivan, chaka chomwecho wolemba mabuku David Graham Phillips atawomberedwa mumsewu masanasana. Lamuloli linafuna chilolezo kuti munthu akhale ndi mfuti yaing'ono yobisika m'thumba, ndipo mu 1913 anawonjezera kuti wofuna kuyenda nayo asonyeze chifukwa choyenera. Tisawanamizire: anthu ambiri amene anathandiza lamuloli ankafunadi kuchepetsa kuphana, ndipo kuphanako kunalipo. Koma kapangidwe kake kanali kamodzimodzi ndi ka ku Alabama. Wofunsira ankafotokoza mantha ake, mkulu wa boma n'kuyeza ngati manthawo akukwanira. Aliyense amene anaimapo pawindo la ofesi akudikira sitampa ya bwana akudziwa mmene zotere zimayendera: wodziwika amatumikiridwa, wosadziwika amauzidwa kuti abwere mawa.

Amene mumaphunzitsa Chingerezi mukondwera kumva kuti mkangano wonse wa zaka zoposa 100 unazungulira pa timawu tiwiri, may ndi shall. M'zigawo za may, mkulu wa boma angathe kupereka ngati wakhutira. M'zigawo za shall, ayenera kupereka kwa aliyense amene wakwaniritsa zolembedwa: msinkhu, nthawi zambiri zaka 21, kudinda zala, kufufuzidwa ngati alibe milandu ikuluikulu, kulipira, ndipo m'zigawo zambiri kuchita maphunziro a kagwiridwe ka mfuti. Florida yomwe ija inasamukira ku shall mu 1987, ndipo zigawo zambiri zinatengera chitsanzo chake m'zaka zotsatira. Alabama inachepetsa mphamvu ya sheriff yokana mu 2013. Chaka chomwecho Illinois inakhala chigawo chomaliza kulola anthu kuyenda ndi mfuti yobisa.

Pa 23 Juni 2022 bwalo lalikulu kwambiri la America linagamula mlandu wa New York State Rifle & Pistol Association v. Bruen. Oweruza 6 mwa 9 anati New York singakakamize munthu kusonyeza chifukwa chapadera asanapatsidwe chilolezo. Chigamulocho analemba Clarence Thomas, woweruza wakuda wobadwira ku Georgia m'masiku a tsankho. Chochititsa chidwi n'chakuti magulu ena a maloya oimira amphawi ku New York, kuphatikizapo a maloya akuda, anaima kumbali yofuna kuti lamulolo ligwe, ponena kuti anthu amene ankamangidwa nalo ambiri anali akuda ndi a Chilatino. Oweruza atatu otsutsa, motsogozedwa ndi Stephen Breyer, anakumbutsa anzawo za kuchuluka kwa anthu ofa ndi mfuti, ndipo nawonso sanali kunama: mu 2021 mokha anthu 48,830 anafa ndi mfuti ku America, oposa theka mwa iwo podzipha. Pofika mu 2024 zigawo 29 zinali zitalola munthu wamkulu wopanda milandu kuyenda ndi mfuti yobisa popanda chilolezo n'komwe. Ku Alabama zimenezi zinayamba pa 1 Januwale 2023. Pepala limene a King anakanizidwa mu 1956, munthu wa ku Montgomery safunikanso kulipempha.

Wina angati basi nkhani yatha bwino. Ine sindifulumira kutero, chifukwa cha Philando Castile. Bamboyu anali wakuda, wa zaka 32, woyang'anira chakudya cha ana pasukulu ina ku Minnesota, wantchito wa pasukulu ngati ife. Anafunsira chilolezo, anakwaniritsa zonse, anapatsidwa. Pa 6 Julayi 2016 wapolisi anaimitsa galimoto yake, iye n'kumuuza wapolisiyo kuti ali ndi mfuti. Patangopita masekondi ochepa anawomberedwa n'kufa, bwenzi lake ndi kamwana ka zaka 4 ali m'galimoto momwemo. Mu 2017 khoti linapeza wapolisiyo wosalakwa. Lamulo linali litachotsa chigamulo m'manja mwa mkulu wa mu ofesi, koma panatsala chigamulo china cha pamsewu, cha munthu woyang'ana nkhope n'kuganiza payekha kuti uyu ngwoopsa kapena ayi.

Tibwerere kwa a King, pakuti ndi kumene mnyamata uja anafunsa. Kukanizidwa chilolezo sikunawasandutse munthu wopanda zida tsiku lomwelo. Kumapeto kwa Febuluwale 1956 kunafika alendo awiri odziwa bwino njira ya Gandhi, Bayard Rustin ndi Glenn Smiley. Onse awiri anapeza mfuti panyumbapo. Smiley analembera anzake kuti nyumbayo inali ngati nkhokwe ya zida, ndipo Rustin ankasimba kuti anachenjeza mtolankhani William Worthy amene anatsala pang'ono kukhalira mfuti imene inali pampando. Panali kukambirana kwa masiku ambiri. Pamapeto pake a King, atagwirizana ndi mayi Coretta, anachotsa mfuti imene anali nayo, anaika magetsi owala kuzungulira nyumba, ndipo alonda anatsala opanda zida. Maganizo awo anali akuti munthu sangatsogolere gulu lokana chiwawa kwinaku akudalira mfuti kuti imuteteze.

Apa ndi pamene yankho langa la m'kalasi linaperewera. Ndinapereka chithunzi cha munthu amene anabadwa wopanda mantha. Koma amene ndinamupeza m'mabuku ndi bambo wa zaka 27, wa mkazi ndi khanda, amene anachita mantha monga tingachitire tonse, anayesa njira ya mfuti, kenaka n'kuisiya mwadala akudziwa chimene akutaya. Kwa ine ameneyu ndi wamkulu kuposa wa m'manotsi uja. Tisaiwalenso kuti si onse omenyera ufulu amene anatsata njira yake. Robert F. Williams ku North Carolina anakonza gulu lodziteteza ndi mfuti. Mu 1964 ku Louisiana kunabadwa gulu la Deacons for Defense and Justice, limene linkalondera ochita zionetsero. Medgar Evers ankasunga mfuti, komabe anaphedwa pakhomo pake mu 1963. A King anaisiya, anapambana nkhani ya mabasi mu Disembala 1956 patatha masiku 381, ndipo nawonso anaphedwa ndi mfuti ku Memphis pa 4 Epulo 1968. Amene akufuna kuti mbiri imuuze mwachidule ngati mfuti imapulumutsa kapena ayi, apa sapeza yankho lapafupi.

Ku America nkhani ya chilolezo cha a King imakokedwa mbali ziwiri. Okonda mfuti amafotokoza za kukanizidwa n'kulekera pomwepo. Odana ndi mfuti amafotokoza za kuisiya, osatchula kuti anayamba aipempha. Aliyense amadula pamene pamukomera. Ife aphunzitsi tilibe ufulu umenewo. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo mwana akafunsa funso lovuta ndi bwino kumuuza kuti tikafufuze kusiyana n'kumutseka pakamwa ndi chiganizo cha m'manotsi.

Chimene ine ndinatolapo, ndipo ndimachigwiritsa ntchito pophunzitsa mitu ina, n'chakuti lamulo tisamangoliwerenga pa zimene likuletsa. Tizifunsanso kuti cholembera lachipereka kwa yani, ndipo munthu akakanizidwa akadandaule kuti. Funso limeneli limagwira pa chilolezo cha mfuti, pa chilolezo cha msonkhano, ngakhale pa malo a sukulu. Aphunzitsi anzanga amene mumaphunzitsa mutu umenewu, yesani kuwapatsa ana nkhani yonse, muwafunse kuti akanakhala sheriff akanatani, akanakhala a King akanatani. Ine nditayesa, belu linalira ana asanamalize kutsutsana. Mundiuze mmene zidzayendere kwanu.