Sukulu za Kuseri kwa Dzalanyama m'Nthaŵi ya Samora

 M'nkhani yathu ya mbiri lero tikamba za sukulu za anansi athu a ku Mozambique, pa zaka zimene dzikolo linkayendetsedwa motsata chiphunzitso cha chikomyunizimu.

Anzathu a ku Namitete ndi ku Mpingu mukayang'ana chakumwera kukakhala kopanda nkhungu mumaona mndandanda wa mapiri a Dzalanyama, kumene kumachokera mtsinje wa Lilongwe. Kuseri kwa mapiriwo ndiye ku Mozambique, m'chigaŵo cha Tete. Anthu a m'maboma a Angónia, Tsangano, Macanga ndi Chifunde amayankhula chinenero chathu chomwechi. A Banda ndi a Phiri aliko, gule nayenso amatuluka kudambwe monga kuno. Chidatilekanitsa ndi malire amene Angerezi ndi Apwitikizi adagwirizana m'chaka cha 1891. Kuchokera pamenepo ana a mtundu umodzi akhala akuloŵa sukulu za mitundu iŵiri.

Kuti timvetse zimene chipani cha Frelimo chidachita, tiyambe taona zimene chidapeza. Kuno kwathu, ngakhale m'nthaŵi ya atsamunda, mwana wa ku Kasiya, ku Kabudula kapena ku Nambuma ankatha kuphunzira kuŵerenga m'chinenero cha amai ake, pa kasukulu ka m'mudzi ka a Dutch kapena ka Akatolika. Maphunzirowo adali ochepa, inde, koma munthu ankatulukamo akutha kulemba kalata kwa mbale wake wa ku Joni kapena ku Salisbury. Kutsidyako zidali zina. Amishoni a Dutch omwewo adatsekula malo ao ku Mphatso, m'dera la Angónia, m'chaka cha 1909, koma boma la Apwitikizi, posakhulupirira amishoni achilendo, lidaŵatsekera mu 1922. Mu 1940 dziko la Portugal lidachita pangano ndi Vatican, ndipo chaka chotsatira maphunziro a anthu akuda adaikidwa m'manja mwa mishoni za Chikatolika. Ku Angónia ntchitoyi idagwera ansembe a Chijezuwiti a ku Lifidzi ndi ku Fonte Boa. Boma linkafuna kuti mwana aphunzire Chipwitikizi, katekisimu ndi kugwira khasu. Oŵerengeka okha ndiwo ankapitirira pamenepo. Dzikolo litalandira ufulu pa 25 Juni 1975, anthu oposa 90 mwa anthu 100 alionse sankadziŵa kulemba ndi kuŵerenga.

Atsogoleri atsopanowo adali ndi zitsanzo ziŵiri m'mutu. Ku Soviet Union, boma la Lenin lidalamula mu Disembala 1919 kuti aliyense wa zaka 8 mpaka 50 aphunzire kulemba ndi kuŵerenga. Ku Cuba, m'chaka chimodzi chokha cha 1961, achinyamata adabalalika m'midzi nakaphunzitsa anthu pafupifupi 700,000. Maiko achikomyunizimu ankaona sukulu ngati chida choumbira munthu wamtundu watsopano, ndipo pa chifukwa chimenecho sankailekerera m'manja mwa mpingo kapena mwa munthu wamalonda. Frelimo nayonso idali itayamba kale kuphunzitsa ili pankhondo. Idali ndi sukulu ku Dar es Salaam yotchedwa Mozambique Institute, imene idayamba mu 1963 ndi khama la Janet Mondlane, ndiponso timasukulu ta m'tchire m'madera amene idalanda kwa Apwitikizi, kuphatikizapo ena a ku Tete kumene nkhondo idakolera kuyambira mu 1968.

Patangotha mwezi umodzi chilandirire ufulu, pa 24 Julayi 1975, Pulezidenti Samora Machel adalengeza kuti sukulu zonse, za mishoni ndi za eni ake, zakhala za boma. Nduna ya maphunziro idali Graça Simbine, mai wa zaka 29 zokha, amene chaka chomwecho adadzakhala Mai Machel, ndipo adakhala pa udindowo mpaka 1989. Mu Febuluwale 1977 Frelimo idalengeza poyera kuti ndi chipani chotsata Marx ndi Lenin.

Zimene zidachitika m'zaka zoyambazo nzosati nkupeputsa. Makomo a sukulu atatsekuka, ana adakhamukira. Mu 1975 ana a ku pulaimale sankakwana 700,000, koma pofika mu 1979 chiŵerengerocho chidali chitaŵirikiza kaŵiri. Anthu a m'midzi ankadula okha mitengo, kuphoma zipupa ndi kufolera udzu. Atsikana, amene kale ankangotsala pamtondo, adaitanidwa kuti akakhale pa benchi limodzi ndi alongo ao. Mu 1978 idayamba ntchito yophunzitsa akuluakulu m'mafakitale, m'minda ya boma ndi m'magulu a asilikali, zofanana ndi sukulu za kwacha za kuno. Kalembera wa mu 1980 adaonetsa kuti osadziŵa kulemba atsika kufika pa anthu pafupifupi 72 mwa 100 alionse. Amene amadana ndi chikomyunizimu safuna kumva zimenezi, koma zidachitikadi.

Nanga aphunzitsi? Apa mpamene padagona vuto loyamba. Apwitikizi ambiri adali atabwerera kwao, ndipo aphunzitsi ophunzira bwino adapita nao limodzi. Mnyamata amene adangomaliza makalasi anai kapena asanu ndi limodzi ankapatsidwa maphunziro a miyezi yoŵerengeka, mwina chaka, kenaka nkumupatsa choko. Pa 8 Malichi 1977 Samora adasonkhanitsa ophunzira a ku sekondale mu Maputo naŵauza kuti makalasi aŵiri omaliza atsekedwa, ndipo kuti boma ndilo lisankhire aliyense ntchito. Wofuna udokotala adapezeka ali mphunzitsi kutali ndi kwao, wina msilikali. Mpaka lero anthu ameneŵa amatchedwa mbadwo wa pa 8 Malichi. Inu amene mukukumbukira chaka cha 1994, pamene sukulu ya pulaimale idakhala yaulere kuno kwathu, ana nkuchoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni, boma nkulemba msangamsanga aphunzitsi osaphunzira ntchito, mudziŵa m'mene kalasi yotere imaonekera. Akuluakulu adanena kuti kuthamanga sikufika.

Koma vuto lalikulu koposa, m'kuona kwanga, lidali la chinenero, ndipo mpamene ndifuna kuti tichedwepo. Frelimo idasankha kuti Chipwitikizi chokha ndicho chikhale chinenero cha boma ndi cha sukulu, kuyambira tsiku loyamba la kalasi yoyamba. Chifukwa chake nchomveka. Dzikolo lili ndi zinenero zambiri: Chimakuwa, Chisena, Chishangana, Chiyao, Chinyanja ndi zina. Atsogoleri ankaopa kuti kukweza chimodzi nkudzutsa tsankho la mitundu, ndipo ankafuna kuti munthu azidziyesa Mmozambique asanadziyese Mmakuwa kapena Mcheŵa. Ifenso kuno tikudziŵa kuti nkhaniyi njosapepuka, pakuti pamene Chicheŵa chidasankhidwa mu 1968, abale athu oyankhula Chitumbuka ndi zinenero zina adamva kuŵaŵa. Komabe taganizani: kalembera wa mu 1980 uja adapeza kuti munthu mmodzi yekha mwa anthu anai ndiye ankatha kuyankhula Chipwitikizi, ndipo amene adachiyamwira kubere adali mmodzi mwa anthu 100. Ku Cuba ntchito idafulumira chifukwa wophunzitsa ndi wophunzira onse ankayankhula Chisipanishi. Ku Soviet Union nako, m'zaka za m'ma 1920, boma lidakonzetsa zilembo ndi mabuku m'zinenero za mitundu yaing'ono yambiri. Mozambique idatengera changu cha maiko aŵiriŵa, koma mbali iyi idaisiya.

Tsono mwana wa zaka zisanu ndi ziŵiri wa ku Ulongwe ankafika m'kalasi nkupeza mphunzitsi akumulonjera m'chinenero chimene sadachimvepo pakhomo pao, chimenenso mphunzitsi mwini wakeyo ankachita kuchipupuluza. Mwanayo ankayenera kuphunzira zinthu ziŵiri nthaŵi imodzi, chinenero ndi zilembo. Ambiri ankangoloŵeza ngati nyimbo osamva tanthauzo, kubwereza kalasi kaŵiri katatu, kenaka nkubwerera kukaŵeta ng'ombe. Kwa amai ndi abambo a sukulu ya akulu zidali chimodzimodzi, kotero kuti chidwi cha mu 1978 chija chidayamba kuzirala patangopita zaka zochepa.

Chodabwitsa nchakuti zophunzitsidwazo zidali zitasinthadi. Kale mwana ankaloŵeza mafumu ndi mitsinje ya ku Portugal. Tsopano adayamba kumva za Mwenemutapa, za Ngungunhane, za nkhondo ya a Barue ya mu 1917, ndiponso za maufumu a Amaravi, a Kalonga, Lundu ndi Undi. Koma mdzukulu wa anthu a Undi ankamva mbiri ya makolo ake m'chinenero cha amene adagonjetsa makolowo. Pambali pa izi, sukulu idali ndi munda wake wolima ophunzira, ndi phunziro la ndale za chipani. Mafumu adachotsedwa pa mipando poŵanena kuti adali zida za atsamunda. Chinamwali, mitala ndi using'anga zidatchedwa zinthu za mumdima zofunika kuzithetsa. Mphunzitsi ndiye ankayembekezeka kunena zimenezi m'mudzi, ndipo pakutero adasanduka nkhope ya chipani pamaso pa akuluakulu amene sadafunsidwe maganizo.

Ana ena anzeru adatumizidwa kunja. Kuyambira mu 1977 zikwi za ana zidapita ku Cuba, pa chilumba chotchedwa Isla de la Juventud, kumene theka la tsiku ankakhala m'kalasi, theka lina m'minda ya manyumwa ndi malalanje. Mu 1982 ana pafupifupi 900 adatengedwa kupita ku East Germany, m'tauni ya Stassfurt, ku sukulu imene idatchedwa ya Ubwenzi, kukaphunzira ntchito zamanja za m'mafakitale. Adabwerako mu 1988. Samora, amene adaŵatuma, adali atafa pa ngozi ya ndege ku Mbuzini pa 19 Okutobala 1986. Mafakitale amene ankaŵakonzekera padalibe, masatifiketi ao sadaŵathandize, ndipo ambiri adangotsika ndege nkuloŵetsedwa usilikali. M'zaka zomwezo, mu 1981, Dr. Banda adatsekula Kamuzu Academy ku Mtunthama, kumene ana oŵerengeka osankhidwa m'maboma onse ankaphunzira Chilatini ndi Chigriki. Atsogoleri aŵiriŵa sankamwerana madzi pa ndale, koma onse aŵiri ankakhulupirira kuti mwana woti adzatsogolere dziko ayenera kuchotsedwa kaye pakati pa anthu ake.

Mu Malichi 1983 boma la Mozambique lidakhazikitsa lamulo la ndondomeko yatsopano ya maphunziro, ya zaka zisanu ndi ziŵiri za pulaimale, cholinga chake chitalembedwa poyera kuti ndi kuumba munthu watsopano. Lamulolo lidafika nkhondo itafalikira kale. Gulu la Renamo, limene lidaleredwa ndi boma la azungu la Rhodesia, kenaka la South Africa, linkati likaloŵa m'mudzi limayamba lafuna sukulu, chipatala ndi mphunzitsi, popeza izi ndizo zidali chizindikiro cha Frelimo. Aphunzitsi ambiri adaphedwa, ena adagwidwa. Pofika kumapeto a nkhondo, sukulu za pulaimale zoposa theka m'dziko lonselo zidali zitatenthedwa kapena kutsekedwa, ndipo Tete idali pakati pa zigaŵo zimene zidasakazika koposa.

Zotsatira zake tidaziona ndi maso. Makamaka kuyambira mu 1986 anthu adayamba kuoloka malire ku Nsanje, Mwanza, Ntcheu, Dedza, Lilongwe ndi Mchinji, mpaka othaŵa nkhondo adaposa miliyoni imodzi. Ambiri adalandiridwa ndi abale ao enieni. M'malo amene adasonkhanitsidwa mudatsekulidwa sukulu zotsata ndondomeko ya kwao, kuti anawo asadzakhale alendo pobwerera. Motero pa nthaka ya Malaŵi padali ana oyankhula Chicheŵa akuphunzira m'Chipwitikizi, pamene anzao oseŵera nao mpira wachikulunga, pa sukulu ina yapafupi, ankaŵerenga m'Chicheŵa.

Frelimo idasiya chiphunzitso cha Marx ndi Lenin mu Julayi 1989. Mu 1990 sukulu za eni ake zidaloledwanso, mu 1992 lamulo la maphunziro lidalembedwa mwatsopano, ndipo pa 4 Okutobala chaka chomwecho pangano la mtendere lidasainidwa ku Rome. Zina za nthaŵi ya Samora zidatsalira. Boma lidakhalabe mwini wa sukulu zambiri, ndipo maganizo akuti mwana aliyense, wamkazi yemwe, malo ake ndi m'kalasi sadafe. Ambiri a mbadwo wa pa 8 Malichi ndi ena ochokera ku Cuba adadzakhala akuluakulu a m'maofesi ndi m'sukulu zaukachenjede. Kalembera wa mu 2017 adapeza kuti akulu osadziŵa kulemba atsika kufika pa 39 mwa 100 alionse, ngakhale kuti kumidzi ndiponso pakati pa amai chiŵerengerocho chidali chokwera koposa pamenepa.

Za chinenero zidayamba kusintha chikomyunizimu chitapita. Mu 1993 boma lidayesa m'sukulu zochepa kuphunzitsa ana m'chinenero cha kwao choyamba, Chipwitikizi nkumabwera pang'onopang'ono. Zinenero zimene zidasankhidwa zidali ziŵiri: Chishangana ku Gaza, ndi Chinyanja ku Tete. Kuyesako kudatha mu 1997, ndipo oyendera sukuluzo adapeza kuti anawo ankayankha ndi kufunsa mafunso m'kalasi momasuka kuposa anzao. Kuyambira mu 2003 njira imeneyi idaloledwa m'zinenero 16, ngakhale kuti kusoŵa kwa mabuku ndi aphunzitsi kudachititsa kuti ifalikire mwapang'onopang'ono. Ana a ku Tete a mu 1993 aja adayamba kulemba chinenero chao m'sukulu ya boma patapita zaka 18 chilandirire ufulu, ndi zaka 71 chitsekedwere mishoni ya ku Mphatso.