Kodi Mapanga Awiri Amavumbwitsadi?

Anzanga akale, pophunzira za udani wa America ndi Soviet Union tinkaloweza maina a Berlin, Korea, Cuba ndi Vietnam kuti tikhoze mayeso a Fomu 4. Za maiko amene anakana kulowa mbali iliyonse pa udaniwo zinkangotchulidwa mongodutsa. Komatu kwa ife a kuno kum'mwera kwa Africa, mbiri ya maiko amenewa ndiyo itikhudza kwambiri, pakuti ina mwa misonkhano yao inachitikira pakhomo pathu penipeni.

Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha mu 1945, maiko amphamvu anagawikana pawiri. America ndi anzake anapanga mgwirizano wa asilikali wa NATO mu 1949, ndipo Soviet Union inayankha ndi wake wa Warsaw mu 1955. Dziko limene linkangolandira kumene ufulu linkafunsidwa funso limodzi: uli kwa yani? Mu April 1955 nthumwi za maiko 29 a ku Asia ndi Africa zinakumana ku Bandung, m'dziko la Indonesia, kudzakambirana mmene angadzilankhulire okha. Patapita zaka zisanu ndi chimodzi, mu September 1961, maiko 25 anasonkhana ku Belgrade ndi kukhazikitsa bungwe la maiko osatenga mbali. Otsogolera anali Tito wa Yugoslavia, Nehru wa India, Nasser wa Egypt, Sukarno wa Indonesia ndi Nkrumah wa Ghana.

Makolo athu anati mapanga awiri avumbwitsa, ndipo ambiri ankawaona atsogoleriwa chomwecho. John Foster Dulles, nduna ya America yoona za maiko akunja, ananena poyera mu 1956 kuti kusatenga mbali ndi khalidwe loipa. Ine maganizo anga ndi akuti anthuwa sanali oima pamvula osadziwa kolowera. Anali ngati mlimi amene ali ndi ogula awiri pa msika, ndipo akudziwa kuti akalonjeza mmodzi fodya wake yense, mtengo adzaunena ndi wogulayo.

Taonani Nasser. Iye ankafuna kumanga damu lalikulu ku Aswan pa mtsinje wa Nile. America ndi Britain analonjeza ndalama, koma atakwiya kuti iye wagula zida ku Czechoslovakia ndiponso wapalana ubwenzi ndi boma la chikomyunizimu la China, anabweza lonjezo lao pa 19 July 1956. Sabata imodzi yokha itadutsa, Nasser analanda ngalande ya Suez kuti ndalama zake zimangire damulo. Britain, France ndi Israel anamuthira nkhondo, koma America yomweyo ndiyo inawakakamiza kuchoka. Pamapeto pake Soviet Union inapereka ngongole ndi akatswiri, damu linatha mu 1970, uku tirigu wa ku America atadyetsa anthu a ku Cairo kwa zaka zingapo.

Chitsanzo chimene ndifuna tikhalepo pang'ono ndi cha anansi athu a ku Zambia. Dzikolo linalandira ufulu mu October 1964, koma mkuwa wake wonse unkatuluka pa njanji zodutsa m'maiko olamulidwa ndi azungu. Ian Smith atalengeza pa 11 November 1965 kuti Rhodesia yadzipatula ku Britain, Kenneth Kaunda anapezeka kuti khosi lake lili m'manja mwa mdani. Iye ndi Julius Nyerere anafuna njanji yopita ku Dar es Salaam. Banki Yaikulu ya Dziko Lonse ndi maiko a azungu anati ntchitoyo ndi yosapindulitsa. China, imene panthawiyo inali itayambana kale ndi Soviet Union, inavomera mu 1967 ndipo inapereka ngongole yopanda chiongoladzanja. Njanji ya TAZARA, yotalika makilomita 1,860 kuchokera ku Dar es Salaam kufika ku Kapiri Mposhi, inayamba kumangidwa mu 1970 ndi kutha mu 1975. Chosangalatsa n'chakuti America, poona kuti China yalowa, inathandiza kumanga msewu wa tala wolowera komweko. Paipi ya mafuta yofika ku Ndola anamanga ndi a ku Italy. Kotero Zambia inapeza njanji, msewu ndi paipi kuchokera kwa anthu amene sankamwerana madzi, osalola ngakhale mmodzi kumanga msasa wa asilikali pa nthaka yake.

Ndi chifukwa chake msonkhano wachitatu wa bungweli unachitikira ku Lusaka mu September 1970, ndipo kunafika maiko oposa 50. Holo ya Mulungushi inamangidwira msonkhano umenewu, m'miyezi inayi yokha, ndi kampani ya ku Yugoslavia. Ife ogwira ntchito m'boma, amene timadziwa nthawi imene fayilo imodzi imatenga kuchoka pa tebulo lina kufika pa lina, tingogwira pakamwa.

Kwathu kuno zinthu zinayenda mwina. Dzina la Malawi lili m'kaundula wa bungweli, koma Dr Banda anasankha phanga limodzi ndi kukhalamo. Imodzi mwa nkhani zimene anakanganirana ndi nduna zake mu 1964 inali ya kulandira thandizo la China, limene iye anakana. Anapalana ubwenzi ndi Taiwan mu 1966, ndi South Africa mu 1967, ndipo ndalama za South Africa zinathandiza kumanga likulu ku Lilongwe ndi njanji yolumikiza ku Nacala. Iye ankati dziko lopanda nyanja yamchere silingasankhe anansi. Kaunda analinso wopanda nyanja yamchere, koma anayankha funso lomwelo mwa njira ina, ndipo analipira: Smith anatseka malire mu 1973, ndipo ndege za Rhodesia zinaphulitsa mabomba m'Zambia mu 1978 ndi 1979.

Tisawakometse mopitirira atsogoleri a bungweli. Tsiku lomwe msonkhano wa Belgrade unatsegulidwa, Soviet Union inayambiranso kuyesa mabomba a nyukiliya, ndipo ambiri mwa iwo anachita manyazi kuitchula dzina. India itamenyedwa ndi China mu 1962, Nehru anathamangira kwa America kukapempha zida, ndipo mu 1971 boma la mwana wake Indira Gandhi linasaina pangano la ubwenzi ndi Soviet Union. Ku Havana mu 1979, Fidel Castro anafuna kuti bungwe livomereze kuti Soviet Union ndi bwenzi lake lachibadwa. Tito, ali nkhalamba ya zaka 87, anapita yekha kukatsutsa zimenezo. Patangopita miyezi itatu, asilikali a Soviet Union analowa mu Afghanistan, dziko limene linali membala kuyambira pachiyambi. Iran ndi Iraq, onse mamembala, anamenyana zaka zisanu ndi zitatu bungwe likungopenya. Pamene bungweli linagwiradi ntchito ndi pa nkhani ya utsamunda ndi tsankho la ku South Africa, monga anachitira ku Harare mu 1986, chifukwa apo onse ankalankhula chimodzi.

Soviet Union itagwa mu 1991, wogula anatsala mmodzi, ndipo mtengo unatsika kwa onse, osatenga mbali ndi otenga mbali omwe. Yugoslavia yeniyeniyo inaphwasuka. Kuno, maiko amene kwa zaka zambiri sankafunsa za akaidi a ndale anaimitsa thandizo mu May 1992, ndipo mu June 1993 kunachitika referendamu.

Bungweli lilipobe, ndi maiko pafupifupi 120, ndipo linakumana ku Kampala mu January 2024. Ogula achulukanso pa msika. Malawi inasiya Taiwan ndi kutembenukira ku China kumapeto kwa 2007, ndipo nyumba ya malamulo ku Lilongwe anamanga ndi a ku China. Mu March 2022, bungwe la United Nations litavota podzudzula Russia chifukwa cholowa mu Ukraine, Malawi ndi Zambia anavomereza chidzudzulocho, pamene Tanzania, Mozambique, Zimbabwe ndi South Africa anakana kuvotera mbali iliyonse.