Pompeius, Kazembe wa Aroma Amene Analowa m'Kacisi

Powerenga Uthenga Wabwino tipeza Aroma ali ponse ponse m'dziko la Ayuda. Kenturiyo ali ku Kapernao, amisonkho alikusonkhetsa ndalama za Kaisara, ndipo Pilato akhala pa mpando wa kuweruza. Koma m'Cipangano Cakale sitiwapeza akulamulira kumeneko. Nanga analowa liti, ndipo anawatsegulira pakhomo ndani? Kuti tidziwe ici tiyenera kumva mbiri ya kazembe wina, dzina lace Gnaeus Pompeius, amene a mtundu wace anamucha Magnus, ndiko kunena Wamkuru. Tikumbukire kuti zaka za m'mbiri iyi ndizo za Kristu asanabadwe, ndipo ciwerengo cace cinka cicepa poyandikira kubadwa kwa Ambuye.

Pompeius anabadwa caka ca 106 ku Picenum, dera la m'Italiya. Atate wace anali kazembe wodedwa cifukwa ca umbombo, koma anamsiyira minda yaikuru ndi anthu ambiri omvera banja lao. Masiku amenewo Aroma analikumenyana okha okha. Caka ca 83, akali mnyamata wa zaka 23, Pompeius anasonkhanitsa magulu atatu a nkhondo, napita nao kukathandiza kazembe Sulla. Iyeyu anamtuma ku Sicily ndi ku Africa, kumene anapambana msanga. Koma anapha akuru amene anawagwira, kotero kuti adani ace anamucha mnyamata wakupha. Pambuyo pace anamenyana zaka zisanu ku Spain ndi Sertorius, osakhoza kumgonjetsa, kufikira munthuyo anaphedwa ndi anzace a iye mwini paphwando. Caka ca 70 Pompeius anasankhidwa pamodzi ndi Crassus akhale olamulira awiri a Roma a caka cimeneco.

Nchito yace yokoma koposa inacitika pamadzi. Acifwamba a m'zombo anali atadzaza Nyanja Yaikuru, nafunkha midzi ya m'mphepete, nagwira anthu ukapolo. Popeza tirigu wa m'Roma anadzera m'zombo, mudziwo unayamba kuopa njala. Caka ca 67 anampatsa Pompeius ulamuliro wa nyanja yonse. Iye anaigawa zigawo 13, naika mtsogoleri ndi zombo zace pa cigawo ciri conse, kuti wothawa kwina akagwe m'manja mwa wina. Ndipo itatha miyezi itatu nchito inatha. Ogwidwawo sanawaphe, koma anawapatsa minda ndi pokhala, pozindikira kuti umphawi ndiwo unawatuma ambiri kukaba. Ena anawakhazika ku Soli m'Kilikiya, kufupi ndi Tariso, kumene anadzabadwira mtumwi Paulo. Caka cotsatira anapitikitsa Mithridates, mfumu ya Pontus, imene inasautsa Aroma zaka zoposa 20. Ndipo caka ca 64 anayesa Suriya dziko la Aroma.

Tsono tafika pa mau amene atikhudza ife. Ayuda anali atadzilamulira okha monga zaka 80, cifukwa ca kulimba mtima kwa banja la Amakabeo. Koma mfumu yao yaikazi, Salome Alexandra, itamwalira caka ca 67, ana ace awiri, Hyrcanus ndi Aristobulus, analimbirana ufumu. Polephera kupangana monga abale, onse awiri anamuka ndi mlandu wao kwa Pompeius ku Damasiko, ndipo Aristobulus anamtumizira mphatso ya mpesa wagolidi. Kunafikanso nthumwi za anthu, zakupempha kuti asakhale ndi mfumu konse, koma awatsogolere ansembe monga kale. Pompeius anazengereza kuweruza. Pamene Aristobulus anataya mtima nayamba kukonzekera nkhondo, kazembeyo anakwera kumka ku Yerusalemu caka ca 63.

A mbali ya Hyrcanus anamtsegulira zipata za mudzi, koma a mbali ya Aristobulus anadzitsekera m'linga la Kacisi, nalimbika miyezi itatu. Josephus, mlembi wa mbiri ya Ayuda, atiuza kuti tsiku la Sabata Ayuda anadzicinjiriza pokha pokha ataputidwa. Aroma pozindikira ici analeka kuponya zida tsiku limenelo, nagwira nchito yokwirira cigwa ca kumpoto popanda wowaletsa, kufikira anasendeza pafupi zogumulira linga. Linga litagwa, ansembe sanaleke kupereka nsembe, ndipo ambiri anaphedwa pa guwa pomwepo. Josephus awerenga Ayuda akufa 12,000.

Pamenepo Pompeius anacita cinthu cimene Ayuda sanaciiwale. Analowa m'Malo Opatulikitsa, mosaloledwa kulowa munthu ali yense koma mkuru wa ansembe yekha, kamodzi pacaka. Aroma anazolowera kuona fano m'kacisi ali yense. Koma Tacitus, mlembi wao, acita umboni kuti m'menemo munalibe fano liri lonse. Kazembeyo anaona coikapo nyali, ndi gome, ndi matalente 2,000 a ndalama zopatulika, osatengako kanthu. Ndipo m'mawa mwace analamula kuti ayeretse Kacisi, nsembe ziyambenso. Koma ufulu wa Yudeya unatha. Hyrcanus anakhala mkuru wa ansembe wopanda dzina la mfumu, Aristobulus anatengedwa m'nsinga kumka ku Roma, ndi dziko linayamba kupereka msonkho. Wopindula anali Antipater, phungu wa Hyrcanus, ndiye atate wa Herode uja anapha ana a ku Betelehemu.

Akuru athu amati mutu ukakula sulewa nkhonya. Ku Roma kunali kukwera munthu wina, Julius Caesar, amene dzina lace lidasanduka Kaisara wa m'Buku Lopatulika. Poyamba awiriwa anapangana, ndipo Pompeius anakwatira Julia, mwana wamkazi wa Caesar. Koma Julia anamwalira caka ca 54, ndi Crassus, wacitatu wa pangano lao, anaphedwa kunkhondo caka ca 53. Pamenepo panalibenso wowagwirizanitsa. Caka ca 49 Caesar anaoloka mtsinje wa Rubicon ndi ankhondo ace. Caka ca 48 anakomana ku Pharsalus, ndipo Pompeius, angakhale anali nao asilikari ocuruka koposa, anagonjetsedwa.

Anathawira ku Aigupto, poyembekeza kuti mfumu yaing'ono Ptolemy idzakumbukira zokoma zimene iye anacitira atate wace. Koma aphungu a mfumuyo anaopa Caesar. Anamtumizira kangalawa komlonjera, ndipo pofika pagombe Septimius, amene kale anali msilikari wace, anamlasa ndi lupanga, mkazi wace Cornelia alikupenya m'combo. Linali tsiku la 28 September, litatsala tsiku limodzi kuti akwanitse zaka 58. Anamdula mutu, nasiya mtembo pamcenga; ndipo Philippus, kapolo wace womasulidwa, anatola matabwa a ngalawa yakale ya asodzi, nautentha monga mwa mwambo wao. Caesar ataonetsedwa mutuwo analira misozi. Ndipo zisanathe zaka zinai iyenso anabayidwa, nagwa patsinde pa cifanizo ca Pompeius.

Sitiyenera kuthamangira kunena kuti imfa yotere inali kulanga kwa Mulungu cifukwa ca Kacisi, pakuti maweruzo ace sitiwadziwa ife. Koma cimodzi tiona poyera: Pompeius sanadze ku Yerusalemu wosaitanidwa. Abale awiri anakana kugonjerana, ndipo dziko limene analimbirana linawapulumuka onse awiri. M'midzi mwathu momwe muli milandu ya minda ndi ya ufumu pakati pa ana a mimba imodzi, ndipo ina ifika ndi mu Eklesia. Tisanaturuke nayo kubwalo la alendo, tiyambe takhala pansi ndi mbale wathu, tikumbukire Hyrcanus ndi Aristobulus.