Momwe voti ya anthu akuda idalandidwira ku South Africa

Ambiri akakumbukira mizere italiitali ya pa 27 Epulo 1994 amaganiza kuti limenelo ndilo tsiku loyamba munthu wakuda kuponya voti ku South Africa. Si choncho. Malamulo a chigawo cha Cape a 1853 sankayang'ana khungu: mwamuna aliyense wokhala pamalo kapena m'nyumba ya mtengo wa mapaundi 25 ankalembetsa m'kaundula. Ufuluwu udachita kudyedwa ngati mtengo wolowa chiswe, ndipo oudya anali aphungu, m'nyumba ya malamulo momwemo. Mu 1887 adati malo a mudzi wonse sangawerengedwe ngati chuma cha munthu. Mu 1892 boma la Cecil Rhodes lidakweza mlingo uja kufika pa mapaundi 75, n'kuwonjezera kuti wovota azitha kulemba dzina, keyala ndi ntchito yake. Lamuloli silidatchule mtundu wa munthu, koma amene ankasakidwa ankadziwika.

Wina anganene kuti chaka cha 1930 chidabweretsako kuwala, poti amayi adayamba kuvota. Koma amayi ake ati? Boma la Hertzog lidapereka voti kwa amayi achizungu okha, osawafunsa za chuma, ndipo chiwerengero cha azungu ovota chitakwera chotero, mawu a anthu akuda ochepa aja adamira. Pofika 1936 kuwachotsa m'kaundula wa onse kudali kosavuta. Adawapatsa kaundula wawo kuti azisankha aphungu atatu, nawonso azungu, ndipo mu 1960 mipando itatuyo idathetsedwa.

Ena amati makhoti akadaletsa zonsezi. Adayesa ndithu pa nkhani ya makaladi. Mu 1952 khoti lalikulu la apilo lidakana lamulo lochotsa makaladi m'kaundula, ponena kuti silidavomerezedwe ndi magawo awiri mwa atatu a nyumba zonse ziwiri za malamulo zitakhala pamodzi. Boma la National Party silidaswe lamulo, lidangosintha masamu: mu 1955 lidakuza nyumba ya Senate kuchoka pa mipando 48 kufika 89, likuwonjezeranso majaji m'khoti lomwelo, ndipo mu 1956 makaladi adachotsedwa. Makhoti adangokwanitsa kuchedwetsa chiwembucho ndi zaka zinayi. Kwa anthu akuda, kuchokera pamene adafufutidwa m'kaundula wa onse mpaka kubwereramo padadutsa zaka 58.