Mafupa a ku Mwakasyunguti

Anzanga a kumudzi ndi inu a m'tauni, ku Karonga ndinapitira mpunga wa Kilombero, koma ndabwerako ndi nkhani ina.

Ku Mwakasyunguti, m'boma lomwelo, kuli zigwembe za miyala yamchenga yofiirira, malo oti mlimi angoyang'ana n'kupukusa mutu. Koma m'miyalamo mwagona mafupa a madainoso a zaka zoposa 100 miliyoni. Mchenga wa mitsinje yakalekale unawakwirira, n'kuuma mpaka kusanduka mwala.

M'zaka za m'ma 1920, Frank Dixey, katswiri wa miyala wa boma la atsamunda, anatolako mafupa ena. Mu 1928 Sidney Haughton anachitcha chinyamacho Gigantosaurus dixeyi. Dzina loti Malawisaurus linabwera mochedwa, mu 1993. Chimene chandikoma n'choti mayi wa kwathu konkuno, Elizabeth Gomani, ndiye anatcha china dzina loti Karongasaurus mu 2005.

Malawisaurus ndamuona ataimikidwa ku myuziyamu ya ku Karonga. Khosi lakelo, abale inu! Chonsecho ankangodya masamba basi.

Chikundidandaulitsa n'choti mvula imene imavundukula mafupawo ndi yomweyonso imawaswa akapanda kutoledwa. Nanga ife? Ine kumunda ndaphwanya miyala yambirimbiri ndi khasu, osaitembenuza n'komwe.