Trip-hop ndi Mzinda Umene Unaibala

Mzinda wa Bristol, womwe uli kumwera chakumadzulo kwa England, unalemera ndi malonda a akapolo m'zaka za m'ma 1700, ndipo nkhondo yachiwiri yapadziko lonse itatha, zidzukulu za anthu amene anagulitsidwa ku Caribbean zinadzakhazikika mumzinda womwewo, makamaka kudera la St Pauls. Ochokera ku Jamaica anadza ndi mwambo wa sound system, kutanthauza gulu lokhala ndi zimkuzamawu zikuluzikulu lomwe limaika malekodi pamaphwando. Gulu lotere la The Wild Bunch ndilo linkasakaniza reggae, hip-hop ndi soul m'zaka za m'ma 1980, kufikira atatu mwa iwo, Robert Del Naja, Grant Marshall ndi Andrew Vowles, anayambitsa Massive Attack n'kutulutsa chimbale cha Blue Lines mu 1991.

Chimene chinagwira omvera mtima ndicho kudekha kwa nyimbozo, pakuti ng'oma za hip-hop zinkagunda mwapang'onopang'ono, besi yolemera ya dub, yomwe ndi reggae yodzala ndi mawu obwerera ngati a m'phanga, inkanjenjemeretsa chifuwa, pamene woimba ankangonong'ona ngati akuulula chinsinsi. Njira ya sampling, yodula kachidutswa ka nyimbo yakale n'kukalukira m'yatsopano, inafika pena m'manja mwa gulu lina la ku Bristol lotchedwa Portishead, lomwe linkajambula zoimba zake pamalekodi n'kumawakanda dala kuti amveke akalekale. Chimbale chawo cha Dummy cha 1994 chinapata mphotho ya Mercury chaka chotsatira, ndipo chaka chomwecho woimba wina wa ku Bristol, Tricky, anatulutsa chimbale cha Maxinquaye, dzina lokumbukira mayi ake amene anamwalira iye ali mwana.

Dzina la nyimbozi lakuti trip-hop linatchuka kudzera m'magazini ya Mixmag mu 1994, koma oimba a ku Bristol sanalilandire, ndipo sanalakwe, chifukwa posakhalitsa otsatsa malonda ndi eni malo odyera anatola kamvekedwe kofewako n'kutaya nkhawa ndi chisoni zimene zinali phata lake. Eni nyimbowo sanaiwale kumene anachokera, moti kwa zaka zambiri Massive Attack inkakana kuimba mu holo ya mumzindawo ya Colston Hall, yotchedwa dzina la Edward Colston, wogulitsa akapolo. Mu 2020 anthu anagwetsa chiboliboli cha Colston n'kuchiponya padoko, ndipo holoyo inasinthidwa dzina kukhala Bristol Beacon.